Mpando wa Kuseri

Strumnevo,
25 Okutobala

Okondedwa achimwene Blagoy,

Ndikhulupirira kuti mukudzuka bwino ku Leipzig kumeneko, inu pamodzi ndi alamu anga a Iskra ndi kamtsikana kanu kamakani kaja, Stamena. Ndati "ndikhulupirira" chifukwa sindingachitire mwina. Lero lino pamene ndikulemba, pansi pano palibe munthu amene anakuonanipo kupatula ine ndekha, ndipo atate athu, amene tinawaika m'manda tonse tikuona, ali panjapo akuwaza nkhuni. Ndikuwamva ndi makutu angawa. Musathamangire kunena kuti Zornitsa wayamba kulawa rakiya, kachasu wathu uja, m'mamawa. Khalani pansi muwerenge mpaka kumapeto, zondikalipira mudzachita pambuyo.

Msika wa chikondwerero cha Dimitri Woyera unayamba msanga chaka chino. Anabwera onse a masiku onse, a uchi, a miphika, a nsapato zosalimba zija. Koma kuseri kwa tchalitchi kunaima chigalimoto chakale chotseka ngati nyumba, mwini wake mkulu wina woonda, a Vendel, wochokera kutali kumpoto, wolankhula chilankhulo chathu modumphadumpha. M'kati mwake munali mpando umodzi wachikopa chong'ambika, wofanana ndi wa kometera tsitsi. Patsogolo pake panali galasi lalikulu, kudzanja lamanja chogwirira chozunguza ngati cha makina opera nyama, pamwamba kabelu. Dzuwa lisanapendeke anthu anali ataupatsa kale dzina: Mpando wa Kuseri.

Inu mumandidziwa. Ndikaona chitseko chotseka sindipeza mtendere mpaka nditasuzumira. Ndinaima kutsogolo kwenikweni pamene a Vendel ankafotokoza.

"Dziko si limodzi," anatero. "Alipo ambiri, ogundana ngati nyumba za mumsewu umodzi. Mukazunguza ichi, galasi likuonetsani nyumba yoyandikana ndi yanu. Zonse n'zofanana, kusiyana kanthu kamodzi kokha. Belu likalira muyankhe ndi mutu, za pakamwa mpando sumva. Mukavomera, mwasamuka. Mukakana, mutsala pomwe muli."

"Nanga ife otsala panja?" anafunsa a Dobri ometa aja.

"Inu simudziwa kanthu. Kwa inu zinthu zinali choncho kuyambira kale. Wokumbukira ndi wokhala pampando yekha."

"Ndiye kuti ngakhale utatinamiza sitingakugwire!" a Dobri anatero, anthu n'kufa nazo kuseka. Koma oyamba kulowa anali iwo omwewo.

Anatuluka akutsimphina monga analowera. Akuti galasi linawaonetsa dziko limene bondo lawo silipweteka, iwo anavomera ndi mtima wonse, koma bondo ili, likadali lomwelo. "Zachinyengo!" anatero. Kenako analowa azakhali a Tsveta. Awa ndiye anatuluka akukuwa, n'kulunjika pa amuna awo a Pencho, amene anangoima phee atanyamula dengu.

"Chimenechi n'chiyani pamlomo pakopa? Ndakana ine ndevu zimenezi! Ndaziona m'galasi ndipo ndazikana!"

"Mkazi iwe, wapenga?" anatero a Pencho. "Ndevuzi ndinabwera nazo kuusilikali, unandikwatira nazo."

Ndipo zoonadi, achimwene, ine a Pencho ndimawadziwa ndi ndevu kuyambira ndili wakhanda. Tonse tinawaseka azakhali. Koma ine, kusekako ndikuseka, m'mutu munali funso. Bwanji wovomera sanapeze kanthu, wokana n'kupeza? Ndikanaima kaye n'kuliganiza bwino funso limeneli, bwenzi kalata ino kulibe. Koma paja safunsa anadya phula. Ndinawasiyira azakhali chikwama changa, foni ili momwemo, n'kulowa.

Mpandowo unkanunkha mafuta a makina. Nditazunguza chogwirira, nkhope yanga m'galasi inazimirira pang'onopang'ono, m'malo mwake munaoneka geti lathu. Ndinaliyang'anitsitsa kufuna kuona chasintha. Utoto womwewo, belu lomwelo. Kenako ndinazindikira kuti chipepala cha maliro chija timamata pageti, chokhala ndi chithunzi cha atate, palibe. Galasi linalowa pabwalo, ndipo ndinawaona. Atate, atakalamba pang'ono, kapu ili chakumbuyo, akuwotcha tsabola ndi kukangana ndi mphaka. Mayo ine! Ndinaluma dzanja kuti ndisakuwe.

Galasi silinaime pamenepo. Linalowa m'nyumba. Pakhoma la m'chipinda chochezera zithunzi zonse zinali za ine ndekha. Pamphuthu pa chitseko, pamene atate ankatiyeza msinkhu ndi mpeni, panali mzere umodzi wa zizindikiro, osati iwiri. Chipinda chanu chinali chodzaza mabotolo a zakudya zosungira nyengo yozizira ndi nkhata za anyezi, ngakhale bedi munalibe. Ndinamva msanga tanthauzo lake. Kumeneko kunalibe Blagoy woti aperekezedwe kubasi tsiku la chisanu lija, ndiye atate sanadutse pakona inawapha ija pobwerera.

Belu linalira. Achimwene, Mulungu ndi mboni, ndinakana. Sindinazengereze n'komwe. Ndinadzutsa chibwano m'mwamba n'kutsitsa, ndi kakutsonya komwe, monga amakanira munthu aliyense wobadwira kuno. Mpando unanjenjemera pang'ono, galasi n'kundibwezera nkhope yanga. Ndinatuluka, n'kutenga chikwama, n'kuwauza azakhali kuti n'zamasewera chabe.

Nditafika kunyumba, pageti panalibe chipepala.

"Wabwera nawo mkate?" anatero atate osatembenuka n'komwe.

Ndinawagwera pamsana ndi kuwakumbatira mpaka mbano yowotchera tsabola inagwa m'manja mwawo. Fungo lawo lomwe lija, la fodya ndi utsi. Ndinalira ngati mwana.

"Nevena!" atate anaitana amayi. "Tabwera udzaone, mwana wako wamuona ndani kumsikako? Ndangomufunsa mkate ine!"

Amayi anatuluka akupukuta manja, onenepa, tsitsi lopaka utoto, atavala malaya a maluwa. Inu simunawaone zaka zimenezi, koma ine ndawaona akuvala zakuda mpaka kuiwala kuti kuli mitundu ina. Anandigwira chibwano n'kunditembenuzira kudzuwa. "Chipsera ichi wachitenga kuti? M'mawa unalibe." Chinali chipsera chija munandipatsa inu pondiphunzitsa njinga pamtsetse wa kusukulu. Zomwe zili pathupi pa munthu zimawoloka naye. M'foni namo ndinayang'ana, dzina lanu munalibe.

M'mawa mwake ndinapita kwa a Vendel nditakwiya koopsa. Ndinawapeza akudya nsomba za m'chitini pamasitepe a galimoto yawo.

"Mpando wanu ndi wakuba! Ndinakana ine!"

"Tandionetsani mmene munakanira."

Ndinawaonetsa. Mkulu uja anasiya foloko, n'kugwira mutu ndi manja onse awiri.

"Mayi, kumeneko ndi kuvomera."

"Kuvomera kwa ndani?"

"Kwa anthu onse!"

"Ndiye ife si anthu?"

Pomwepo ndinakumbukira nkhani yanu ija, mutangofika kumene ku Germany, mmene munagonera ndi njala chifukwa wopereka zakudya akakufunsani ngati mukufuna msuzi mumapukusa mutu uku ndi uku mokondwa, iye n'kuchoka nawo. Tinaseka mpaka misozi tsiku limene munandiuza pafoni. Mpandowu unapangidwa kwa anthu ngati amenewo. Ife tikapukusa mutu kuvomera, umamva kuti takana. Tikadzutsa chibwano kukana, umamva kuti tavomera. N'chifukwa chake a Dobri akutsimphinabe ndipo a Pencho ali ndi ndevu. Tauni yonse yakhala ikulandira zimene inakana! Ndinawafunsa a Vendel kuti ndi angati alowa chiyambire, anangoyang'ana kumbali. Mpaka lero ndikamayenda mumsewu ndimadzifunsa kuti kodi tchalitchi chathu chinali choyera kuyambira kale, kapena pali wina anachikana.

Anandiuza kuti njira yobwerera ilipo. Mpando umakumbukira msana wa aliyense amene anakhalapo. Ukazunguza chogwirira chobwerera m'mbuyo, umakuonetsa kumene unachokera, ndipo ukavomera umakubwezera, koma kamodzi kokha. Iwo akunyamuka chikondwerero chikangotha, ndipo akuti kuno sadzapondakonso.

"Khalanipo pompano," anatero.

Sindinakhalepo, achimwene. Ndinawauza kuti ndasiya mphika pamoto.

Musandiweruze msanga. Ndinkangofuna kuwaonako pang'ono. Komanso chidwi changa chija sichinandisiye, ndinayendayenda kufufuza zimene kusowa kwanu kunasintha. Mtengo wa maapozi umene munathyola nthambi uli wathunthu, koma zipatso zake n'zowawasa chimodzimodzi. Mnzanu Rumen ndi wansembe, tangoganizani, chifukwa panalibe womuphunzitsa njuga. Ine kuno akuti ndimaopa njinga. Atate ndi amayi amakangana za mchere m'mawa uliwonse, kenako n'kumwera khofi m'kapu imodzi. Ndinkakhala pakati pawo ndikusangalala, koma maganizo ali pa inu. Ndinawalira atate zaka zonsezi, ndiye ndinawapeza, koma paja walira mvula walira matope.

Lachinayi tikudya masana, amayi anaika patebulo nyemba zophika mumphika wadothi, ine osaganiza n'kunena kuti, "Izi ndiye akanakhalapo Blagoy akanamaliza yekha."

Supuni ya amayi inagwera m'mbale.

"Dzina limenelo wakuuza ndani?" anafunsa atate motsitsa mawu.

Amayi anadzuka n'kupita kukhitchini. Atate ndiwo anandiuza. Ine ndisanabadwe, amayi anali ndi pakati pena, mwana wamwamuna, koma anapita padera miyezi itatsala pang'ono. Dzina anali atasankha kale awiriwiri, ndipo sanauzepo munthu, ngakhale azakhali a Tsveta amene amadziwa za m'mphika wa aliyense. Ndiye kuti kuno munabwera ndithu, achimwene, kungoti simunafike.

Atate anavala jekete n'kunena kuti ndiwaperekeze kumunda wa mpesa akaone mipanda. Mipanda sanaiyang'ane n'komwe. Anakhala pamwala, n'kuyatsa fodya.

"Unalowa mumpando wa mlendo uja," anatero. "Yamba poyambira."

Ndinawauza za galasi, za belu, za mutu. Pa za mutupo anaseka mpaka kutsokomola. Ndimayesa andinena wamisala, koma chidwi changachi ndinatengera iwo. Anayamba kundipanikiza ndi mafunso.

"Mnyamatayo ali ndi mphuno yanga?"

"Yanu yeniyeni."

"Ha, tsoka lake. Amagwira ntchito yanji?"

"Amakonza zikepe zokwerera m'nyumba zosanjikizana, ku Germany."

"Tamuonani! Ndiye zikaima pakati anthu amaitana mwana wanga? Amamwa?"

"Pang'ono. Akamwa amayimba."

"Bwino?"

"Moipa."

"Ndi wanga ameneyo." Anakoka fodya, akumwetulira okha. "Nanga ine kumeneko ndili bwanji? Ndanenepa?"

Ndinayang'ana pansi. Anandiyang'ana nthawi yaitali.

"Ehe. N'chifukwa chake unandikumbatira ngati ndachokera kunkhondo. Zinayenda bwanji?"

Ndinawauza zonse. Kuti anakuperekezani kubasi ya ku Germany, kuti pobwerera msewu unali woterera ndi chisanu, kuti galimoto inapezeka kumunsi kwa phompho. Ndinawauzanso zimene inu simufuna kuti tizinena, zoti chiikireni maliro simunapondenso kuno, ndipo pafoni mumalankhula ndi amayi za nyengo basi, chifukwa mumati munawapha ndinu.

"Pakona ya pakasupe paja?" anafunsa.

"Pomwepo."

"Asa! Ndiye mwanayo walakwa chiyani? Kona imeneyo amako akhala akundiuza kuyambira tili pachibwenzi kuti ndimalowapo ngati ndikuthawa apongozi. Ndi chitsiru eti, mchimwene wakoyo?"

"Pang'ono."

"Anakwatira?"

Apa ndinafuna kunama, chifukwa ndinadziwa kumene funsoli likupita. Koma atate mumawadziwa, bodza amalinunkhiza lisanatuluke.

"Anakwatira. Ali ndi mwana wamkazi, wayamba sukulu chaka chino."

"Dzina?"

"Stamena."

Linali dzina lawo lomwe, Stamen, lotembenuzidwa kukhala lachikazi. Atate anavula kapu. Anaiyang'ana m'kati ngati muli cholembedwa, n'kuivalanso, n'kuivulanso. Fodya anazima yekha m'zala zawo.

"Ndiye pali kamunthu kakuyendayenda ndi dzina langa," anatero pomaliza, "ndipo iwe wakatsekera kunja kuti nkhalamba ino ipitirize kutsokomola?"

"Atate, sindinachite dala!"

"Polowa sunachite dala. Nanga masiku enawa?"

Ndinalira. Ndinawafunsa kuti nanga amayi, mwawaona mmene akusangalalira? Kumeneko ndi mayi wamasiye wovala zakuda.

"Kumeneko ali ndi ana awiri ndi mdzukulu. Kuno ali ndi mkonono wanga. Ukanawafunsa akanasankha chiyani? Koma usawafunse, si katundu wosenzetsa mayi ameneyo." Anandisisita kumutu monga ankachitira ndili wamng'ono. "Chibale ndi fupa, mwana wanga. Ine ndadya zaka zimene sizinali zanga, ndipo zinali zokoma. Loweruka ndiwaze nkhuni, Lamlungu ndikuperekeza."

Kuyambira pamenepo akhala akundiphunzitsa kuvomera kwachilendo, kuopa kuti belu likalira ndingapukuse mutu mwachikwathu, mpando n'kumva kuti ndakana, mwayi n'kutha. Abale inu, mukanationa! Amandidzidzimutsa paliponse. "Zori, ukufuna khofi?" Ine n'kupukusa mutu. "Watsala! Wamupha mchimwene wako chifukwa cha khofi!" Amayi amangoti anthu awiriwa mitu yawo siyikuyenda bwino. Ndayesetsa, koma khosi limene lakula ndi chizolowezi chimodzi silimva za masiku awiri. Ndikaganiza ndimakhoza, ndikadzidzimuka ndimalakwa, ndipo ndikudziwa kuti mumpandomo sindidzakhala ndi mutu woganiza.

Lero m'mawa ndalakwanso katatu kotsatizana, mpaka ndinakhala pansi pamasitepe ndi mantha. Atate anaika nkhwangwa pansi n'kudzakhala pambali panga.

"Tasiya zophunzirazi," anatero. "Tandiuza. Galasi likadzakuonetsa geti lathu, chipepala changa chili pomwepo, mtima wako udzati chiyani?"

"Udzati ayi."

"Ndiye nena ayi wakoyo. Usadzavutike kundivomereza kuti ndife, palibe mwana angathe zimenezo. Udzakane ndi mphamvu zako zonse, mwachikwathu, ndi kutsonya komwe. Mpandowo udzamva zake."

Ndiye mawa, Misa ikatha, ndikupita kukakana, achimwene. Kalatayi ndiibisa m'kati mwa malaya kuti iwoloke nane, ndipo Lolemba ndidzaiponya kupositi. Ikakupezani, dziwani kuti zinatheka. Kwa inu padzakhala palibe chachitika, mudzakhala mwadzuka ndi kupita kuntchito monga masiku onse, ndipo mwina mudzafuna kuimbira azakhali kuti anditengere kwa dokotala. Musanatero, muyang'ane kaye zolembedwa pansipa. Dzanja limenelo mukulidziwa.

Pempho langa ndi limodzi. Bwerani Khirisimasi ino, nonse atatu. Ine ndidzakhala nditawaika atate kachiwiri popanda wondipepesa, chifukwa palibe adzadziwe, ndipo sindikufuna kukhala patebulo lija ndi amayi awiriwiri.

Mundiperekere moni kwa alamu anga a Iskra. Stamena mumuuze kuti azakhali ake akumusungira uchi wa kumsika. Azakhali a Tsveta akanakupatsani moni, koma ali kalikiliki kusakasaka lumo. Amayi ali kukhitchini akukanda ufa wa banitsa ya mawa, mkate wa tchizi uja, ndipo akuyimba. Andiona ndikulemba, akuti, "Ameneyo ndi mwamuna, timudziwe liti?" Ndawayankha kuti posachedwa. Akuti ndikupatseni moni, kaya ndinu ndani.

Ndine mlongo wanu wokukondani,
Zornitsa

Blagoy, mwana wanga. Zolemba sindizitha, ndiye ndifupikitsa. Galimoto ija ndinkayendetsa ndine, iwe unali m'basi. Pita kwanu ukaone amako. Kamtsikanako ukagwire mphuno m'malo mwanga. Sindinakuonepo, koma mlongo wako wandiuza zokwanira. Ndikanadziwa zonse zimene zinali kutsogolo m'mawa umenewo, ndikanakuperekezabe.

Atate ako,
Stamen